Therere la cytosol ndi madamu a ku koleji

Pa TP, nthawi ija a ku koleji ya uphunzitsi timatumizidwa kukayeserera kuphunzitsa m'masukulu, aliyense amabwerako ndi nkhani yake, ena kalasi yonse inawathawa, ena anaiwala lesson plan mu minibasi, ine zanga zinabwera ndi therere. Anandiponya pa CDSS ina yake ku Kasungu, ukatsika pa Santhe umakweranso kabaza mpaka miyendo kuchita dzanzi, nkundipatsa Biology ya Form 3. Unali mwezi wa October, dzuwa lija loti malata a kalasi amalira okha masana, makolo ali kudambo kuthirira nazale za fodya ana ali kusinza pa desiki.

Tinali pa respiration, mmene maselo amatulutsira mphamvu mu chakudya. Ndalemba pa bolodi mmene buku limanenera kuti glycolysis, gawo loyamba lophwanya shuga, imachitika mu cytoplasm, ndaika choko pansi, ndikungoona dzanja lili m'mwamba kutsogolo. Mtsikana wina amene anzake ankamutchula kuti Loya chifukwa samalola kanthu kudutsa osakafunsa.

"Aphunzitsi, pa foni ya achimwene ndinawerenga kuti glycolysis imachitika mu cytosol. Nde wabodza ndani, buku kapena foni?"

Kalasi yonse inadzuka, olo aja ogona kumbuyo, chifukwa ana asukulu akanunkhiza kuti mphunzitsi wapanikizika tulo timatha. Ine ndinagwiritsa ntchito chida chathu chakale chija, ndinati funso labwino kwambiri limeneli ndipo ndi limene tiyambire mawa. Mwamwayi mnyamata wa belu anamenya rimu ija imapachikidwa pa mtengo wa mango.

Usiku ndinagula bandulo nkukakhala pachulu kuseri kwa nyumba, pokhapo pamene netiweki imagwira. Nkhani yake ili chonchi, palibe wabodza. Cytoplasm ndi zonse zili mkati mwa cell membrane ukachotsapo nucleus, madzi aja pamodzi ndi katundu yense ali mmenemo, ma mitochondria, endoplasmic reticulum, Golgi, zonsezo. Cytosol ndi madzi okhawo, katundu uja, amene amatchedwa ma organelle, utamuchotsa yense. Nde buku likamati mu cytoplasm langotchula dera lonse, foni yaloza penipeni. Glycolysis yonse, masitepe ake 10 aja, shuga wa makaboni 6 kudulidwa kukhala ma pyruvate awiri a makaboni atatuatatu nkutsala ndi phindu la ATP 2, timapaketi ta mphamvu ta selo, zimathera mu cytosol momwemo, kenako pyruvate ndi amene amalowa mu mitochondria. Koma wina akadzakuuzani kuti Krebs cycle imachitikanso mu cytosol mukaneni, imeneyo ndi ya mkati mwa mitochondria ndipo madzi a mmenemo ali ndi dzina lawo, matrix. A mu nucleus ndi nucleoplasm. A mu vacuole ya anyezi aja timaonera pa microscope ndi cell sap. Madzi aliwonse mu selo ali ndi mwini wake, osangoti poti ndi zamadzimadzi basi ndi cytosol.

Komanso tikamati madzi musaganize a pa mjigo. Madzi enieni ndi pafupifupi 70 peresenti, kwinako ndi mapuloteni othithikana, potassium wambiri sodium wochepa, pH yake imasewera cha m'ma 7.2, chinthu cholemera ndithu, chonanda.

Ndikanalekera pomwepa bwenzi lero ndilibe nkhani. Koma bandulo inali ikadalipo nde ndinapitiriza kuwerenga, nkupeza kuti mawu akuti cytosol si akale, anabwera mu 1965 ndi wasayansi wina dzina lake H. A. Lardy, ndipo poyamba ankatanthauza chinthu cha mu labu. Amaphwanya maselo, nkuwaika mu makina ozungulira otchedwa centrifuge. Akazunguza pang'ono ma nucleus ndi amene amayamba kukhala pansi poti ndi olemera, akawonjezera liwiro ma mitochondria amatsatira, kenako amafika pa mphamvu yoposa yokoka ya dziko ka 100,000 nkugwetsa tizidutswa totsala tonse. Madzi otsala pamwambawo ndiye cytosol. Nditawerenga zimenezi ndinaimirira pachulu paja ndekha usiku, mumtima ndikuti Loya mawa uona.

Sukulu yathu labu inali ndi ma test tube ochepa ndi chigoba cha munthu chopanda mkono umodzi, za centrifuge iwalani. Koma ku koleji anatiphunzitsa TALULAR, kugwiritsa ntchito zopezeka kwanuko, ndipo ku Kasungu chonanda chopezeka ndi therere. Mmamawa kusanache ndinagogoda kwa amayi eni nyumba.

"Amayi, mundiphikireko therere, lambiri, koma musaike tomato."

"Mmawa uno aphunzitsi? Mwalandira alendo?"

Ndinangoti eya amayi, chifukwa kuyamba kufotokoza za Lardy nthawi imeneyo kukanandichedwetsa. Anaphika lobala, lothira soda, lija ukalitunga ndi chipande limakana kuduka mpaka ulidule ndi chala. Kwa mnyamata wa pa okala ndinabwereka botolo lalikulu la pulasitiki lija amaikamo maswiti, la kukamwa kwakukulu, kuti likhale cell membrane. Ndinathiramo therere, nyemba zophika zotsala dzulo kukhala ma mitochondria, mawere pang'ono kukhala ma ribosome, ndi dzira lowiritsa losenda kukhala nucleus. Abale, chinali chokongola. Ndinaliimika pa zenera dzuwa likutuluka, dzira lili pakati nyemba zitazungulira, ndinajambula ndi foni.

Maganizo oyamba anali oti ndigadamitse njinga ndimangirire botolo ku masipoko wina azipalasa ndi manja, koma botolo linkagunda felemu. Nde ndinamasula chingwe cha nayiloni cha mbuzi ya amayi aja, mbuziyo nkuitsekera m'khola.

Ndikufika pasukulu a hedi akundidikira pakhomo la ofesi, akumwetulira kumwetulira kuja kwa munthu amene ali ndi uthenga woipa koma si wake.

"Aphunzitsi, madamu a ku koleji kwanu afika, akuti alowa period yanu yoyamba."

Amene munachitako TP mukudziwa kuti anthu amenewa sanena tsiku. Anali mayi wamkulu ndithu, magalasi pamphuno, bulauzi yoyera mbee, wigi yatsopano yonyezimira, faelo m'manja. Ine mantha ndinalibe, ndinali ndi teaching aid yoti wina aliyense pa TP imeneyo analibe. Anakakhala pa mpando kumbuyo kwenikweni pafupi ndi khoma, pambali pa mnyamata wina wamtali amene ankamutchula kuti Bigi.

Poyamba zinayenda bwino kwambiri moti ndinkadzimvera ndekha. Ndinakweza botolo nkufunsa kuti chonsechi kuchotsa dzira ndi chiyani, kalasi yonse cytoplasm! Nanga therere lokha? Cytosol! Loya anafunsa ngati ma ribosome ali mbali ya cytosol, ndinamuyankha kuti ambiri amangoyandama momwemo nkumapanga mapuloteni pomwe ena amamatirira pa endoplasmic reticulum, koma ku labu akazunguza mwamphamvu kwa nthawi yaitali nawonso amakhala pansi. Ndinawonjezera kuti yisiti ikamasandutsa shuga kukhala mowa ntchito yonseyo imachitikira mu cytosol, mitochondria osakhudzidwa, Bigi anakuwa kumbuyo kuti nde masese a agogo ake ndi a cytosol, kalasi inaseka, ndinaona madamu akulemba kenakake uku akugwedeza mutu. Mumtima ndinati distinction iyo.

Kenako ndinati tsopano tipanga centrifuge.

Ndinauza a kutsogolo kuti asunthe madesiki, ndinamanga chingwe pakhosi pa botolo mfundo ziwiri, nkuyamba kuzunguza pamwamba pa mutu. Sayansi yake inali yolondola ndipo mpaka lero ndimaikira kumbuyo, zolemera zimayenera kuthawira kunsi kwa botolo therere nkutsala pamwamba. Ndipo zinayamba kuchitikadi, dzira linasuntha, ana a kutsogolo analiona nkuyamba kukuwa kuti nucleus yatsika aphunzitsi, nucleus yatsika! Vuto nyemba zinkakana. Therere la amayi aja linali lolimba zedi nde nyemba zinangoti njo pakati osasuntha. Loya anati mesa munati ma mitochondria amafuna liwiro lalikulu? Kalasi inayamba kuwomba m'manja mogwirizana, liwiro! liwiro! ndipo ine munthu wa magazi ndinawonjezera, chingwe chikulira vuu vuu, thukuta kutsika, tayi ili pa phewa.

Chimene Lardy sanalembe nchakuti therere likadontha pang'ono pa chivindikiro limatsikira pakhosi pa botolo, ndipo nayiloni ikakumana ndi therere palibe mfundo imene imagwira. Ndinangomva chingwe chapepuka m'manja.

Kalasi ija inalibe siling'i. Botolo linauluka bwinobwino kudutsa mizere yonse, ana akulitsatira ndi maso, nkukamenya thabwa la denga kumbuyo kwenikweni, phwaa! chivindikiro uko botolo uko. Dzira ndi limene linayamba kutuluka, zimenenso zikugwirizana ndi sayansi, linagunda khoma nkugwera pa desiki ya Bigi. Kenako kunabwera zotsalazo. Therere silimagwa ngati madzi kuti lithe msanga, limatsika pang'onopang'ono ulusi wautali kuchokera kudenga osaduka, nde tonse tinali ndi nthawi yokwanira yoonerera likutera pa wigi ya madamu, kutsetsereka pa magalasi, kulowa mu kolala ya bulauzi, lina kudzaza faelo. Nyemba zinkatsika mochedwa imodziimodzi motsatira ulusi uja. Ina inakakhala pamwamba pa galasi lakumanzere nkukhazikika.

Zii kalasi yonse. Ine ndaima ndi chingwe cha mbuzi m'manja chikuzungulirabe pang'ono chifukwa mkono unali usanamve uthenga.

Madamu sanakuwe. Anavula magalasi, anayang'ana nyemba ija, anaichotsa ndi zala ziwiri nkuiika pa desiki mwaulemu. Anayesa kupukuta kumaso ndi kansalu koma amene munadyapo therere mukudziwa kuti kulipukuta nkulifalitsa. Mtsikana wina anathamanga kukawapatsa chitenje chake. Atapukuta diso limodzi anayang'ana kalasi, osati ine, nkufunsa ndi mawu odekha zedi.

"Ana inu, chandigwerachi ndi cytosol kapena cytoplasm?"

Palibe anapuma. Kenako dzanja la Loya.

"Ndi cytoplasm madamu, chifukwa ma mitochondria akadali momwemo, ena ali m'tsitsi mwanu. Ikanakhala cytosol bwenzi lili therere lokha."

"Nanga nucleus ili kuti?"

Tonse tinatembenukira kwa Bigi. Masaya ali tuu, maso ali pa bolodi ngati mwana wakhama, timbenene ta dzira pa mlomo. Anameza movutika nkunena kuti madamu selo limeneli ndi red blood cell, silikhala ndi nucleus. Apa nde kalasi inaphulika, ena kugwa pansi, ena kumenya madesiki, a Form 4 kutuluka m'kalasi mwawo kudzasuzumira pa mawindo. Loya osaseka, akutsutsa pakati pa phokosolo kuti bodza, red blood cell ilibenso mitochondria nchifukwa chake imadalira glycolysis yokha, nde nyembazi zikutani muno? Ndipo ankanena zoona mwanayo, ine ndinafuna kumuyamikira koma mawu sankatuluka.

A hedi anafika akuthamanga, anaponda pamene panadonthera therere pakhomo nkutsetsereka mpaka kukagwira bolodi ndi manja awiri. Sanagwe, koma anachita split yoti thalauzi linalankhula. Anangotembenuka chammbali nkutuluka chobwerera m'mbuyo osanena kanthu.

Madamu anakasamba kunyumba kwa aphunzitsi ena aakazi, anatulukako atavala diresi yobwereka ya chitenje cha chipani ndi duku, wigi ili mu jumbo. Anandiitanira pansi pa mtengo wa mango uja kuti tikambirane za phunziro, fomu yanga itayanikidwa pa mwala mapepala atamatana. Anati introduction inali bwino, ana anatenga nawo mbali, mfundo zinali zolondola ndipo funso lawo layankhidwa bwino kuposa mmene ma student ena a chaka chachiwiri angayankhire. Kenako anandiyang'ana pamwamba pa magalasi, amene anali akadali ndi chifunga, nkunena kuti centrifuge yeniyeni imakhala ndi chivindikiro chokhoma ndipo saiyendetsa munthu wovala tayi. Pa class management anandipatsa 2. Ndinafuna kudandaula kuti kalasi inali chete nthawi yonse imene therere linkatsika koma ndinaona kuti si nthawi yake.

Wa pa okala anandilipiritsa botolo ndi maswiti amene amati akanagulitsa tsiku limenelo. Ana a Form 3 anakolopa mpaka break koma pa thabwa la denga lija panatsala ulusi wouma umene unkalendewera mpaka kutseka teremu, aphunzitsi a Geography ankati ukawomba mphepo umaloza kumene ikuchokera.

Madzulo ndikulowa pa geti ndi chingwe m'manja, mbuzi ikulira m'khola tsiku lonse osadya, amayi eni nyumba ali pa mkeka akusenda mtedza.

"Mwabwera aphunzitsi? Nanga alendo anu aja therere analikonda?"

"Anapita nalo lonse amayi."

"Eee, nde mukanawauza adikire nsima."