Tsiku limene anandiyeza chibwano

Mayi wina atandipempha kuti ndiziima pamaso pake iye n'kumaumba chiboliboli changa, ndinavomera msanga poganiza kuti ntchito yake ndi kungoima basi. Mayi woumba ziboliboli uja anandikweza pa kathabwa kozungulira, nandiuza kuti thupi lonse litsamire mwendo wakumanja. Kenako anamata tepi m'mbali mwa mapazi anga kuti ndikapuma ndizibwerera pomwepo. Tinapangana kuima mphindi 20, kupuma mphindi 5. Pambali panga panali waya wopindapinda womangirira kuchitsulo, ndipo anayamba kumatapo dongo.

Dzanzi la m'mwendo ndinalizolowera pofika tsiku lachiwiri. Chimene chinandisowetsa mtendere ndi maso awo. Munthu akamakuyang'anitsitsa umadikira kuti amwetulire kapena alankhule. Iwowa ayi. Ankayang'ana phewa langa monga kalipentala ayang'anira thabwa, kenako n'kutembenuza kathabwa kaja kuti aone msana. Wojambula amakuona mbali imodzi, ina umabisa. Woumba amafuna zonse, ngakhale kuseri kwa khutu kumene mwiniwakewe sunakuonepo. Atandiyandikira ndi chida choyezera cha miyendo iwiri n'kuchigunditsa pachibwano ndi pamphumi, ndinasiya kupuma osadziwa.

"Pumani bambo, nthiti zasintha," anatero.

Tikupuma anandisimbira za Auguste Rodin, woumba ziboliboli wa ku France. Mu 1877 ku Brussels anthu anamunena kuti chiboliboli chake anachita kudinda pathupi la msilikali wa ku Belgium amene ankamuimira, poti chinkaoneka ngati munthu weniweni. Mayiwo ankamvera chisoni Rodin. Ine mtima unali pa msilikaliyo, woima miyezi yambirimbiri, kenako anthu n'kumakangana za thupi lake ngati iye kulibe.

Ndinapeza pothawira. Ndinasankha msomali wina pakhoma n'kumauyang'ana, uku ndikuwerenga mpweya wanga. Ndinawapemphanso kuti azindiuza kaye asanabwere ndi chida chija. Anavomera, ngakhale kawirikawiri ankaiwala.

Tsiku lachisanu ndinalimba mtima n'kuyang'ana nkhope ya dongoyo. Mlomo wam'munsi unali wogwera kumanzere ndendende ngati wa malemu bambo anga, chinthu chimene kalilole sanandiuzepo. Ndinafuna kuwapempha kuti auwongole, koma ndinangokhala chete.

Poweruka anawaza dongolo madzi, nalikuta ndi nsalu yonyowa kuti lisaume, kenako anavundikira mutu wonse ndi pulasitiki n'kumanga pakhosi. Ndikumanga zingwe za nsapato ndinapezeka ndamasula batani la pakhosi panga.