Mbiri ya moyo wanga, gawo 7: Tsamba 9

Sabata yatha ndinakusiyani ndili m'minibasi yochokera ku Limbe kubwerera kwathu ku Chitakale, sikiripiti yanga yoyamba ili m'jumbo. Inali ya masamba 24. Pa ntchito yathuyi yolemba masewero a pa kanema, tsamba limodzi timaliwerengera mphindi imodzi ya pa kanema.

Ine ndinaleredwa ndi wailesi. TVM, kanema wa boma, inayamba kuwulutsa mu 1999, koma kwathu kanema tinkakaonera ku vidiyo shoo basi. Pakhomo zinali za masewero a pa MBC, tonse titaunjirira wailesi ya mabatire. N'chifukwa chake polemba ndinkatsogoza makutu. Chilichonse chimene munthu akumva mumtima ndinkafuna achinene pakamwa.

Nkhaniyo inali ya mayi wothyola tiyi, mwana wake atathamangitsidwa ku sekondale chifukwa cha fizi. Pa tsamba 9 ndinamupatsa mawu odzaza tsamba lonse, akudandaula ali m'munda. Ndinkalikonda kwambiri tsamba limenelo.

Usiku ndinawawerengera Mayi, omwe anathyola tiyi kuyambira ine ndisanabadwe. Anamvetsera ali duu, uku akusenda chinangwa. Nditamaliza anaika mpeni pansi.

"Mwanawe, wothyola tiyi salankhula chonchi. Ukatsegula pakamwa manja amachedwa. Nanga pa sikelo kapitawo amayeza madandaulo?"

Kenako anatambasula manja pafupi ndi koloboyi. Nsonga za zala zinali zitada ndi madzi a masamba, chala chachikulu chitang'aluka m'mbali, pomwe amabudulira masamba awiri ndi kansonga. Manja amenewa anandilera, koma ndinali ndisanawayang'anitsitsepo. Misozi inalengeza.

M'mawa ndinang'amba tsamba 9. M'malo mwake ndinalemba izi zokha: Panja, m'munda wa tiyi, m'mamawa. Chiperoni chaphimba phiri. Mayi akuthyola, dengu lili kumsana. Pamsewu pakudutsa ana ovala yunifolomu. Manja ake aima. Ana atapita, ayambiranso, mofulumira kuposa poyamba.

Mpaka lero ndimaona kuti mizere imeneyi ndi yomwe inandiyambitsa ntchito.

Tsiku lojambula, mtsikana wosewera gawo la mayi wothyola tiyi uja anatembenuza pepala uku ndi uku n'kundifunsa, "Achimwene, nanga mawu anga ali kuti?" Dayirekita naye anandiitanira pambali, nkhope itachita tsinya. Zomwe tinakambirana kuseri kwa galimoto ndidzakuuzani Loweruka likubwerali.