Lachitatu: JavaScript wandisokonezera makadi

Kutentha kwa kuno ku Mangochi kwandidzutsa kusanache, ndiye ndangoti bola ndigwire ntchito ya kabuku kaja kamene ndikulembera ana a kalabu yathu ya kompyuta. Ndikufuna chinenero chilichonse cholembera mapulogalamu chikhale ndi tsamba lake: dzina, chaka, amene anachiyambitsa ndi ntchito imene chimagwira.

Ndayamba ndi Fortran. Chaka sichinandivute, ndi 1957, gulu la John Backus ku IBM. Chandiimitsa ndi kalembedwe ka dzinalo. Mabuku akale amalemba FORTRAN, zilembo zonse zazikulu, koma kuyambira pa Fortran 90 chachikulu ndi F yekha. Pamutu ndaika kalembedwe katsopano, kakaleko ndakatchula m'munsi.

Masana ana atabwera ndawapatsa makadi a mayina kuti asanje m'magulu. Mtsikana wina wa Fomu 3, wanzeru ndithu, watenga JavaScript n'kumuika pansi pa Java. "Aphunzitsi, ameneyu si mwana wake?" Sindinamudzudzule, chifukwa dzinalo limanamiza ngakhale akuluakulu. Java anatuluka ku Sun Microsystems mu 1995, ntchito ya James Gosling ndi anzake, ndipo poyamba ankatchedwa Oak. JavaScript anamulemba Brendan Eich ku Netscape chaka chomwecho. Anayamba ali Mocha, kenako LiveScript, ndipo dzina lachitatuli analipeza pamene Java anali m'kamwam'kamwa. Ubale weniweni palibe, kungokhala a mfunda umodzi. Ndiye pali dzina linanso, ECMAScript, la m'chikalata chokhazikitsa malamulo ake chimene chinatuluka mu 1997.

Tsono tsambalo litchedwe chiyani? Anawo ndawafunsa ngati anamvapo wina pa depoti akufunsa minibasi ya ku Fort Johnston. Aseka. Komatu tawuni yathu ino inkatchedwa choncho, ndipo wowerenga mabuku a mbiri akakumana ndi dzinalo ayenera kudziwa kuti ndi kuno. Tagwirizana kuti pamutu pakhale dzina limene anthu amalitchula lero, mayina enawo akhale m'kati ndiponso kumapeto kwa kabuku, kulozera wowerenga tsamba loyenera.

Mnyamata wina wajambula nsato yokongola pa khadi la Python. Ndamuuza kuti Guido van Rossum, amene anatulutsa chinenerochi mu 1991, anatenga dzinalo ku sewero loseketsa la pa BBC, Monty Python's Flying Circus. Chithunzicho tachisiya, poti chizindikiro cha Python nachonso chili ndi njoka ziwiri.

Pa magulu m'pamene tagwa ulesi. Python yemweyo umatha kumulemba mzere ndi mzere ngati malangizo ophikira, umathanso kumulemba ndi ma object, timagulu tophatikiza deta ndi malangizo ake. Tikamuika dengu ili, dengu linalo likumufunanso. HTML ndiye wabutsa mkangano: ena akuti alowe, ena akuti iyeyo amangoyala tsamba la pa intaneti, sawerengera kanthu ndipo sasankha chochita.

Madzulo ndakwera kabaza kukagula ndiwo cha kufupi ndi mlatho wa Shire. Mayi amene ndimawagula nsomba anali atayala chambo mulu wake, kasawala mulu wake. Ndawafunsa kuti, "Mayi, kasawala si chambo chomwecho?" Iwo akuwaza madzi pa nsombazo angoti, "Ndi chomwecho achimwene, koma chaching'ono. Wogula amafunsa mtengo." A zasayansi akanasanja mwanjira ina, chifukwa dzina loti chambo limakuta mitundu ingapo ya nsomba. Mayiwa asanja molingana ndi amene akubwera pa benchi pawo.

Obwera pa benchi panga ndi ana amene akufuna kudziwa choyambira. Ndafika kunyumba n'kufufuta mizere ya magulu ija. Masamba ndiwandandalika motsata alifabeti, ndipo pa tsamba lililonse ndilemba magulu onse amene chinenerocho chimalowamo, kaya awiri kaya atatu. HTML ndamupatsa tsamba lake kumapeto, ndi chiganizo chofotokoza chifukwa chake ali kumeneko.

Magetsi azima ndili pa C, nditangolemba kuti Dennis Ritchie, Bell Labs, 1972, ndi kuti anachokera ku chinenero china chotchedwa B. Ndamalizira mzerewo ndi tochi ya pa foni.