Oscar ya munthu yemwe kulibe

Inetu ndili ndi kakhalidwe koipa, filimu ikangotha ndimathimitsa pompo, maina aja amayenda kumapetowo sindiwerenga olo limodzi. Koma nkhani ya Dalton Trumbo, wolemba mafilimu wa ku America, yandigwira manyazi.

Mkuluyu anabadwa mu 1905 ku Colorado, ndipo asanatchuke anatha zaka zambiri akugwira ntchito yausiku m'bekare ku Los Angeles, masana nkumalemba nkhani zomwe palibe ankazifuna. Pofika m'ma 1940 anali mmodzi mwa olemba mafilimu olandira ndalama zambiri ku Hollywood.

Zinadzavuta mu 1947. Komiti ya aphungu ku America inamuitana nkumufunsa ngati ali wachipani cha chikomyunizimu, iye ndi anzake 9 anakana kuyankha, mu 1950 anakalowa ndende ku Kentucky miyezi pafupifupi 11 ndipo makampani akuluakulu amafilimu anali atagwirizana kale kuti anthu amenewa asadzalembedwenso ntchito. Chipanicho analowadi pa nthawi ina, izo sitingabise, koma munthu nkumangidwa chifukwa chokana kuulula khadi yachipani?

Ndiye apa mpomwe ine pamandikoma. Atatuluka anasamukira ku Mexico ndi banja lonse nkumalembabe mobisa, ndalama zake zangati zaganyu, ntchito ya bwana. Nthawi zambiri ankalemba ali m'bafa, thabwa atapingasa, ndudu pakamwa. Filimu ya Roman Holiday ya 1953 analemba ndi iye koma dzina linaikidwa la mnzake Ian McLellan Hunter, Oscar, mphoto yaikulu yamafilimu, nkupita komweko. Kenako The Brave One inawinanso, wolemba wake ati Robert Rich. Pamwambo wa mu 1957 aitana Robert Rich, munthu osaoneka, atolankhani yakaliyakali kumufuna, kumupeza kuti poti kunalibe wolemba wotero, analemba ndi Trumbo!

Mu 1960 wopanga mafilimu Otto Preminger analengeza poyera kuti filimu yake ya Exodus walemba ndi Trumbo, naye katswiri wamafilimu Kirk Douglas anaika dzina la Trumbo pa filimu ya Spartacus. Ena anakaima pakhomo la sinema kuletsa anthu kulowa, koma pulezidenti wa America John F. Kennedy anadutsa pomwepo nkukaonera.

Chimandiwawa nchakuti Oscar ya The Brave One anadzamupatsa mu 1975 akudwala kale, chaka chotsatira nkumwalira. Ya Roman Holiday ija sanaigwireko nkomwe, anakalandira ndi mkazi wake Cleo mu 1993.