Tsiku Limene Ndinadya Phula ku Bali

Agogo anga ankakonda kunena kuti safunsa anadya phula. Zaka zonsezi ndinkayesa kuti ndi mwambi chabe wowopsezera ana. Sindinkadziwa kuti padziko pano pali malo omwe phulalo amaliika pambale, pafupi ndi makapu a tiyi, n'kumadikira munthu ngati ine.

Ku Bali, chilumba cha ku Indonesia, ndinapitako pa za ntchito. Msonkhano unali ku Nusa Dua, ndipo masiku anayi tinangokhala m'chipinda chozizira ngati firiji, kumvetsera anthu akutiwerengera zomwe tinkaziona tokha pakhoma. Lachisanu kunalibe zochita, choncho anthu asanu tinasonkherana n'kupeza kaminibasi ndi munthu woti atiperekeze kukaona zaluso ndi akachisi. Ndalama sinali nkhani. Nditasintha madola 100 okha anandipatsa ma rupiah opitirira miliyoni imodzi, ndipo ndinachoka pamenepo ndikuyenda ngati mwini esiteti ya fodya.

M'gulumo munali mayi ena a ku Chipata, achikulire ndithu, omwe tinkamvana chilankhulo. Iwowa ndiwo mboni ya zonse, moti palibe chomwe ndingakane. Wotiperekeza uja dzina lake sindilitchula, ndipo ngakhale nditalitchula simungamupeze. Kumeneko mwana woyamba amakhala Wayan, wachiwiri Made, wachitatu Nyoman, wachinayi Ketut, ndipo wachisanu akabadwa amayambiranso pa Wayan. Mutaimirira pamsika n'kukuwa dzina limodzi, amacheuka anthu odzaza basi.

Ndinayamba kulakwitsa tisanakwere n'komwe galimoto. Pageti ndinaponda kansengwa kakang'ono koluka ndi masamba a kokonati, momwe munali maluwa, timpunga, bisiketi ndi kamtengo ka lubani kakufuka. Ndinayesa kuti ana atayapo zoseweretsa. Wotiperekeza anandiuza mofatsa kuti imeneyo ndi nsembe, amaitcha canang sari, ndipo amayi amaziika m'mawa uliwonse pakhomo, pasitolo, ngakhale patsogolo m'galimoto. Anati ukaponda mwangozi palibe mlandu. Kenaka, ponditchula kuti Pak, kutanthauza bambo, anawonjezera kuti, "Pak, chilichonse chimene simukuchidziwa lero, mundifunse." Ndinagwedeza mutu. Mumtima ndinati munthu wa zaka 47, woti ndayenda maiko, ndizifunsa mnyamata wobadwa dzulo?

Ku Batubulan tinaonera gule wa Barong, chilombo cha ubweya wambiri ndi chibwano chogwedezeka, chimene chimalimbana ndi mfiti yotchedwa Rangda, ya mano otuluka ndi lilime lofika pachifuwa. Nkhondo yawo siitha, palibe wopambana. Ine ndinangoona Kasiyamaliro wavala golide. Chimene chinandidzidzimutsa n'chakuti wotiperekeza uja ananena poyera, pamaso pa amayi ndi ana, kuti mkati mwa chilombocho muli amuna awiri. Ndinayang'ana uku ndi uku kuti mwina wina amutsina. Kwathu mawu amenewo amalipitsa mbuzi.

Kenaka tinafika ku Tohpati, komwe amapanga nsalu za batik. Apa ndiye pamene ndinaima nthawi yaitali, chifukwa ntchitoyo ndi yochititsa kaso. Mayi wina anakhala pakampando, nsalu yoyera ili pamwendo, pambali pake kachiwaya kakuwira pang'onopang'ono. M'manja anali ndi canting, kakapu kamkuwa kochepa ngati chala, kokhala ndi kamlomo kosongoka ndi chogwirira cha nsungwi. Ankatunga m'chiwayamo, n'kuuzira kamlomoko kuti kasatsekeke, n'kulemba duwa pansalu dzanja osanjenjemera. Pomwe walembapo utoto sulowa. Akaviika nsaluyo mu utoto amaiwiritsa kuti zolembazo zisungunuke, ndipo ngati akufuna mtundu wina amayambiranso. Nsalu imodzi yolemba pamanja imatha kudya masabata.

Wotiperekeza anafotokoza kuti lusoli kwawo kwenikweni ndi ku Java, ndipo m'zaka za m'ma 1800 Adatchi anayamba kutsanzira ndi makina. Eni ake sanazikonde nsalu zamakinazo, ndiye zinakapeza msika ku Africa. Mayi a ku Chipata anagwira pakamwa. "Ndiye Java yathu ija, yomwe timalimbirana pa chinkhoswe, ndi yokanidwa kuno?"

Onse ali kalikiliki ndi nkhani imeneyo, ine maso anagwera patebulo. Panali tiyi wa alendo, ndipo chapafupi panali mbale ya timibulu tofiirira, tonyezimira. Ndinatizindikira msanga. Kuhotela m'mawa uliwonse ankatipatsa shuga wa mgwalangwa wofiirira chimodzimodzi, wokoma ngati uchi. Ndinatola kamodzi, kakakulu ndithu, n'kuponya mkamwa, n'kutafuna ndi mtima wonse.

Abale, munayamba mwatafunapo kandulo wosakaniza ndi utomoni wa paini?

Chinthucho sichinkasungunuka, sichinkamezeka. Chinangokakamira m'mano a chibwano, china kumwamba kwa kamwa. Pamenepo n'kuti mayi wolemba nsalu uja atatola kambulu kena pambale yomweyo n'kuponya m'chiwaya chake. Anandiyang'ana, ndinamuyang'ana. Ndinamwetulira osatsegula milomo, ngati munthu wapamaliro amene wakumbukira nthabwala.

Kulavula pamaso pa anthu sikunatheke, ndiye phulalo ndinakwera nalo galimoto mpaka ku Celuk, mudzi wa osula siliva. Kumeneko ndinaona ndolo zokongola zoyenera mayi a kunyumba. Wogulitsa analemba mtengo pa kakyuleta. Ine pofuna kuchotsa phula ndi lilime ndinapotoza nkhope n'kupukusa mutu. Anatsitsa. Ndinatulutsa kamawu ka m'mphuno. Anatsitsanso. Nditatseka maso chifukwa cha kuwawa kwa chibwano, anakweza manja m'mwamba n'kutsitsa kachitatu. Moyo wanga wonse sindinanenererepo mtengo mwaluso ngati tsiku limenelo, ndipo sindinalankhule liwu limodzi.

Ku Mas, kwa osema ziboliboli, sindinaone zambiri. Anzanga ankasirira amuna okhala pansi atapanira mtengo ndi mapazi, akusema nkhope za milungu yawo. Ine ndinali kuseri kwa mtengo wamaluwa, ndikukokota mano ndi kiyi wa chipinda cha kuhotela. Mayi a ku Chipata anandipeza pomwepo.

"Achimwene, chichokereni kuja simunalankhule. Mwadwala?"

Ndinawaonetsa zomwe zinali pampango. Anayang'ana, ananunkhiza, kenaka anakhala pansi pa masitepe. Anaseka mpaka misozi, mpaka kutsokomola. Atapezako mpweya anati, "Mayo ine! Ndiye mwambi uja ankanena inuyo?"

Munthu wanzeru akanaphunzirapo. Koma dzuwa linali lisanalowe.

Madzulo tinatsikira kummwera, ku kachisi wa Uluwatu, yemwe anamangidwa pamwamba pa thanthwe lotalika mamita pafupifupi 70, nyanja ikuwomba pansi. Pachipata aliyense amamanga lamba wansalu m'chiuno, ndipo amene mawondo ali pamtunda amamupatsanso chitenje. Ine ndinali nditavala kabudula chifukwa cha kutentha. Anandipatsa chitenje chapepo.

"Bwerani ndikumangeni," anatero mayi aja.

"Ayi mayi, zikomo. Zaka 19 ndakhala ndikuona akazi anga akumanga chimenechi."

Kuona ndi kumanga ndi zinthu ziwiri, koma ndinazunguliza, n'kusomeka nsonga penapake, n'kuyenda timasitepe tifupitifupi ngati mkwatibwi.

Wotiperekeza anatisonkhanitsa n'kunena motsindika kuti tivule magalasi, zipewa ndi ndolo, mafoni tiike m'zikwama, chifukwa anyani a pamenepo ndi akuba. Anandiloza ine. "Pak, magalasi." Apa ndiye ndinaseka. Ndinamufotokozera kuti ndinakulira m'tsinde mwa phiri ku Ntcheu, kuti kuyambira ndili ndi zaka 8 ndinkalondera chimanga ndi legeni, kuti anyani akwathu ndi aakulu ngati mwana wa sitandade 5 ndipo ankandidziwa ndi dzina. Tiwanyani tatimvi iti, tamichira ngati chingwe, tingandichite chiyani?

Sindinayende mamita 50. Ndinangomva kulemera paphewa, tizala tozizira pakhutu, kenaka dziko lonse linasanduka chifunga. Nyanja, kachisi, anthu, zonse phala.

Magazi a mlonda wa chimanga anawira. Ndinakuwa Chichewa chimene sindingalembe pano n'kuthamangira chinthu chotuwa chomwe chinali pakhoma. Sitepe yoyamba inayenda bwino. Yachiwiri, nsonga ija inasomoka. Yachitatu, chitenje chinatsikira m'mawondo n'kundimanga ngati mbuzi yopita kumsika, ndipo ndinagwa chafufumimba, manja patsogolo, pamaso pa gulu la alendo amene mafoni awo, mwatsoka, sanali m'zikwama. Chotuwa chomwe ndinkathamangiracho chinali chiboliboli chamwala. Nyani anali mbali inayo.

Zomwe zinatsatira anandifotokozera mayi aja, chifukwa ine ndinkangoona zithunzithunzi. Kunabwera bambo wina wogwira ntchito pakachisipo, kachikwama kali m'chiuno, wodekha ngati nkhoswe yomwe yaweruza milandu yambiri. Anaponyera nyaniyo nthochi. Nyani anaiwakha ndi dzanja limodzi, anainunkhiza, anaitaya. Anamuponyera mtedza. Anayang'ana kumbali, n'kuyamba kutafuna kandodo kokolekera kukhutu. Anyani a ku Uluwatu saba kuti adye chomwe abacho, amaba kuti asinthanitse, ndipo akatswiri amene anawafufuza anapeza kuti amadziwa kusiyanitsa katundu. Chipewa amabweza ndi zochepa, koma foni kapena magalasi amaumirira mtengo. Akwathu aja amangothyola chimanga n'kuthawa. Awa ndi mavenda.

"Akukana, achimwene," mayi aja ankandiuza ngati woulutsa mpira pawailesi. "Wayesa kuvala. Wavala chozondoka. Akuonekatu bwino kuposa inu."

Mlandu unatha ndi dzira ndi kathumba ka zipatso. Nyani analandira ndi manja awiri, n'kusiya magalasi kugwa ngati chinthu chachabechabe. Anabwera ndi kandodo kamodzi, timphira tapamphuno titadyedwa, galasi lakumanzere lili ndi malovu. Bambo aja ndinawathokoza ndi pepala lofiira la 100,000, ndipo umiliyoneya wanga unayamba kuchepa. Kenaka mayi aja, osandifunsanso, anandiimika pakati pa njira. "Kwezani manja." Ndinakweza. Anandimanga chitenje molimba mpaka mpweya kubanika, n'kumangirira magalasiwo kukhutu ndi ulusi wa m'chikwama mwawo.

Choncho ndinalowa m'bwalo la Kecak ndili mwana womvera. Gule ameneyu alibe ng'oma kapena choimbira chilichonse. Amuna ambirimbiri, zifuwa pamtunda, atavala nsalu za mabokosi akuda ndi oyera, amakhala mozungulira nyale n'kumayankhizana "cak, cak, cak" mothamanga, gulu lililonse ndi kayendedwe kake, mpaka mawuwo amalukana ngati mphasa. Anakonzedwa momwe alilimu m'zaka za m'ma 1930 ndi wovina wina, Wayan Limbak, mothandizana ndi Mjeremani wojambula zithunzi, Walter Spies, kuchokera ku mwambo wakale wa mizimu. Nkhani yake ndi ya Rama, amene mkazi wake Sita anabedwa ndi mfumu Rahwana. Dzuwa linkamira m'nyanja kuseri kwa ovinawo, ndipo kwa nthawi yoyamba tsiku limenelo ndinaiwala mano anga.

Ndinayamba ndafunsa, inde ndinafunsa, kuti amene adzapulumutse mkaziyo ndani. Wotiperekeza anayang'ana pansi, milomo ikunjenjemera.

"Hanoman, Pak."

"Ndani ameneyo?"

Asanayankhe, anthu anakuwa kumbuyo kwathu. Chinyani choyera, chachikulu ngati munthu, chinali chitalumphira pakhoma. Chinayamba kutsika masitepe pakati pa oonerera, kwina kukanda dazi la munthu, kwina kulanda chipewa, chikulunjika mzere wathu. Chitaima patsogolo panga n'kupendeketsa mutu, sindinadikire kuti zifike pokambirana. Ndinamasula ulusi uja, n'kupereka magalasiwo ndi manja awiri, nditagwira pachigongono.

Chinawatembenuza, chinaona kandodo kamodziko ndi malo otafunidwa aja, chinapukusa mutu, n'kundibwezera.