Zimene ulendo wa Bridgit Mendler wandiphunzitsa pa maphunziro anga a uinjiniya

Mu Febuluwale 2024 kunamveka nkhani yoti Bridgit Mendler, amene ambiri a msinkhu wanga tinakula tikumuonera pa Disney Channel akusewera ngati Teddy Duncan mu Good Luck Charlie, wakhazikitsa kampani yotchedwa Northwood Space, yopanga zipangizo zolumikizira masetilaiti ndi dziko lapansi, ndipo kuti makampani oika ndalama m'mabizinesi aukadaulo aipatsa mpamba wa madola 6.3 miliyoni. Ambiri anangoilandira monga nkhani yozizwitsa ya mtsikana wa zisudzo amene wasanduka bwana wa zamlengalenga. Kwa ine amene ndikuphunzira uinjiniya wa zamagetsi ndi kulumikizana, chondigwira mtima chinali mbali ya ntchito imene iye anasankha, pakuti ndi mbali yomwe ophunzira ambiri safuna kuimva n'komwe: antena zokhala pansi pano, ndi malamulo ogawira mafunde a wailesi.

Mendler anabadwa mu 1992 ku Washington, D.C., anakulira ku California, ndipo anayamba zisudzo ali wamng'ono. Sewero lija linaulutsidwa kuchokera mu 2010 mpaka 2014, ndipo mu 2012 anatulutsanso chimbale cha nyimbo. Kenako analowa m'njira yaitali ya sukulu. Anayambira ku University of Southern California, kumene ankaphunzira za chikhalidwe cha anthu, n'kupita ku MIT Media Lab, nthambi ya kafukufuku ya yunivesite ya zaukadaulo ya Massachusetts Institute of Technology (MIT), kumene analandira digiri ya masitazi mu 2020, ndipo pomalizira pake anatsiriza maphunziro a zamalamulo ku Harvard Law School mu 2024. Ali ku Harvard anatsogolera nawo gulu la ophunzira okonda malamulo a zamlengalenga, komanso anagwirako ntchito ku FCC, bungwe la boma la America loyendetsa nkhani za mawailesi ndi matelefoni, lomwe ntchito yake ikufanana ndi ya MACRA kwathu kuno. Aliyense woyang'ana bwino mndandanda umenewu aona kuti mulibe digiri ya uinjiniya wa antena, ndipo ndi chinthu chimene ndinakhala nthawi yaitali ndikuchisinkhasinkha.

Kuti munthu amvetse chifukwa chake anthu a ndalama anamumvera, ayenera kuyamba wamvetsa vuto lenilenilo. Setilaiti yojambula zithunzi za dziko, youluka pamtunda wa makilomita pafupifupi 500, imathamanga makilomita oposa 7 pa sekondi iliyonse ndipo imazungulira dziko lonse m'mphindi pafupifupi 95. Munthu woima pamalo amodzi amaiona ikutuluka kumalekezero a thambo, ikudutsa pamutu, n'kukalowa mbali inayo m'mphindi 10 zokha kapena kuchepera pamenepo. M'kanthawi kameneka ndi mmene setilaiti iyenera kukhuthula zonse zimene yasonkhanitsa ndi kulandira malangizo atsopano. Ikalephera, idikira mpaka itadutsanso pamwamba pa siteshoni ina. Dishi lalikulu lachikhalire limatembenuzidwa ndi mamota kuti litsate setilaiti imodzi pa nthawi imodzi, ndipo kumanga siteshoni yotero kumafuna malo, maziko a konkire, chilolezo cha boma ndi miyezi yambiri. M'zaka zapitazi mtengo wotumizira masetilaiti kumwamba watsika kwambiri, moti panopa akuzungulira masauzande ambiri, koma masiteshoni apansi sanachuluke pa liwiro lomwelo. Zili ngati mudzi umene wakolola chimanga chochuluka koma chigayo ndi chimodzi, ndipo aliyense ayenera kuima pamzere ndi thumba lake.

Mendler anafotokozera atolankhani kuti maganizo a kampaniyi anayamba m'nthawi ya mliri wa Covid-19, pamene iye ndi mwamuna wake Griffin Cleverly, yemwe ndi injiniya, anali kunyanja ina ku New Hampshire, akupanga antena ndi zipangizo wamba zogula m'sitolo ya Home Depot n'kumalandira uthenga kuchokera ku masetilaiti a zanyengo a NOAA, bungwe la boma la America loona za nyengo ndi nyanja. Mbali imeneyi ndinaimvetsa bwino chifukwa ntchito yomweyo tinaichitapo ndi anzanga a m'kalasi, masetilaiti akale aja asanapumitsidwe mu 2025. Ankaulutsa pa 137 MHz, kutanthauza kuti funde limodzi ndi lotalika mamita 2.19, ndipo gawo limodzi mwa magawo anayi a utali umenewo ndi masentimita pafupifupi 55. Tinadula mawaya awiri amkuwa a muyeso umenewo, tinawamangirira pa kathabwa motambasula ngati chilembo cha V, n'kulumikiza ku kachipangizo kolandirira mafunde kobaya pa kompyuta. Poyamba m'sipika mumangomveka mkokomo wopanda tanthauzo. Setilaiti ikangotuluka, mumayamba kumveka kulira kosongoka kotsatizana ndi kugunda kokhazikika, ndipo chithunzi chimatsika pa sikirini mizere iwiri pa sekondi iliyonse, mitambo yoyera, kenako gombe la nyanja. Mafunde amayamba ali okwererako pang'ono setilaiti ikamabwera, n'kutsika ikamapita, ndipo zimene tinkangowerenga m'buku zokhudza kusintha kumeneku, kotchedwa Doppler, timaziona ndi maso zikusuntha. Munthu amene wagwirapo kathabwa kameneko padzuwa, akudziwa kuti kachidutswa ka chithunzi kakatayika sikabwereranso, amazindikira mwamsanga kuti mtengo wa setilaiti uli m'zimene yakwanitsa kutsitsa pansi.

Njira imene Northwood inasankha ndi antena zotchedwa phased array. M'malo mwa dishi limodzi lotembenuka, pamakhala tinthu tating'onoting'ono tambiri tolandira ndi kutumiza mafunde, toyalidwa pa bolodi lathyathyathya. Kompyuta imachedwetsa funde la kanthu kalikonse ndi kanthawi kochepetsetsa kosiyana ndi ka kanzake, kotero kuti mafunde onse amathandizana kulowera mbali imodzi n'kufafanizana mbali zina. Mukasintha kachedwedweko, mwasintha kumene antena ikuyang'ana popanda chitsulo chilichonse kusuntha, ndipo bolodi limodzi likhoza kutsata masetilaiti angapo nthawi imodzi. Luso limeneli si lachilendo, asilikali akhala akuligwiritsa ntchito pa radar kwa zaka zambiri, ndipo kambale ka Starlink kamene kayamba kuoneka pa madenga ku Malawi kuyambira mu 2023 kamagwira ntchito mwa njira yomweyi. Chatsopano chimene kampaniyi ikulonjeza ndi kupanga masiteshoni apansi mochuluka m'fakitale, kuti azinyamulidwa ndi kuimikidwa mwamsanga m'malo momangidwa imodziimodzi.

Apa ndi pamene maphunziro a zamalamulo a Mendler anayamba kundimvekera. Antena ikhoza kukhala yabwino koposa, koma siingaulutse kanthu popanda chilolezo cha dziko limene yaimikidwamo, ndipo mafunde amene masetilaiti amagwiritsa ntchito amagawidwa mogwirizana kudzera ku ITU, bungwe la United Nations loona za zolumikizana lomwe lili ku Geneva, kuti asasokonezane. Kampani yofuna masiteshoni m'maiko ambiri iyenera kukambirana ndi boma lililonse palokha. Choncho mtsogoleri amene wakhalapo mkati mwa FCC, amene akudziwa mmene pempho la chilolezo limayendera ndi pamene limakakamira, wabweretsa chinthu chimene injiniya wa masamu okhaokha alibe. Zaumisiri anazisiya m'manja mwa Cleverly ndi mnzawo wachitatu Shaurya Luthra, amene kale anagwirapo ntchito ya masiteshoni apansi ku kampani ya masetilaiti ya Capella Space. Ndikuona kuti kugawana kotereku n'kumene kunapatsa kampaniyi mphamvu, ndipo sindikuona chifukwa chomutchulira Mendler injiniya wa antena pofuna kumulemekeza, pamene ntchito imene akuchita ndi yolemekezeka kale payokha.

Pali mawu amene ndawamva kawirikawiri, akuti ndalamazo zinatsata dzina. M'mawu amenewa muli choonadi ndithu, ndipo sindikufuna kuchibisa. Munthu wotchuka akagogoda amamutsegulira msanga, atolankhani amabwera okha, ndipo ndalama zimene anapeza ali wamng'ono zinamupatsa ufulu wokhala pasukulu zaka zambiri popanda kudera nkhawa za fizi, ufulu umene ambiri a ife tilibe. Komabe oika ndalama monga Founders Fund ndi Andreessen Horowitz sapereka mphatso. Amagula masheya mu kampani yomwe sinayambe kupanga phindu, akudziwa kuti makampani ambiri otere amagwa, ndipo amapereka ndalamazo pang'onopang'ono, gawo lotsatira likudikira umboni woti gawo loyamba labala zipatso. Umboni wa Northwood unabwera mu Okutobala 2024, pamene antena yawo yoyesera, imene anaiimika ku North Dakota, inalumikizana ndi setilaiti ya kampani ya Planet Labs ikudutsa kumwamba, kutumiza ndi kulandira uthenga. Patapita miyezi ingapo, mu Epulo 2025, ndi pamene kunabwera madola ena 30 miliyoni, motsogozedwa ndi Alpine Space Ventures ndi Andreessen Horowitz. Ndondomeko ya masiku amenewa ndi imene ikundiuza zambiri, chifukwa ndalama zazikuluzo zinabwera chipangizo chitagwira ntchito pabwalo.

Chinthu china chaching'ono chinandikhudza kwambiri monga wophunzira. Nkhani ya kampaniyi itafalikira, anthu ambiri anayamba kulemba kuti Mendler ali ndi digiri ya udokotala ya ku MIT. Mu Malichi 2024 iye mwini analemba poyera kuti zimenezo si zoona, kuti digiriyo anaiyamba mu 2020 koma anaiimitsa kaye pa zifukwa za banja atasamukira ku California, ndiponso kuti ya zamalamulo inali isanathe, kunali kutatsala miyezi iwiri. Akanatha kungokhala chete n'kumadyerera ulemu umene sanaugwirire ntchito, pa nthawi imene ulemuwo ukanathandiza bizinesi yake. Tikukhala m'nthawi imene anthu amathamangira maudindo a udokotala asanalembe ngakhale tsamba limodzi la kafukufuku, ndipo kuona munthu akudzichotsera yekha udindo umene ena amuveka kunandilimbitsa mtima pa maphunziro anga, amene nawonso akhala akuima ndi kuyambiranso malinga ndi mmene ndalama zikupezekera.

Chifukwa cha zonsezi ndasintha kasankhidwe ka maphunziro a chaka chino. Ndalembetsa phunziro la malamulo ndi kayendetsedwe ka zolumikizana, limene ambiri amalithawa poti mulibe masamu, ndipo ntchito yanga yomalizira ndaisankha kukhala ya antena zinayi zazing'ono zoyalidwa pamzere, zimene ndidzayese kuziloza mbali zosiyanasiyana posintha utali wa mawaya ozidyetsa. Mphunzitsi wondiyang'anira wandichenjeza kuti mbali yovuta idzakhala kuyeza, popeza zipangizo zoyezera mafunde m'labu mwathu n'zochepa ndipo timazigwiritsa ntchito mosinthana, choncho ndayamba kale kulemba ndondomeko ya miyeso imene ndidzatenge tsiku lililonse limene chipangizocho chidzakhale m'manja mwanga.