Reji yanga inapita ndi chikwama mu minibasi, umu ndi mmene ndinatengera ina

Chikwama chinandisowa pakati pa Chawama ndi mu tauni ku Lusaka, ndinazindikira pofuna kulipira kondakitala, dzanja kulowa m'thumba kupeza mphepo chabe. Ndalama zinali zochepa, sizinandiwawe. Chinandiwawa ndi reji, khadi ya unzika ya kuno ku Zambia, NRC yanga yobiriwira imene ndinatenga ku Katete nditakwanitsa zaka 16, yokhala ndi chithunzi cha ine wa makutu aatali uja. Masiku awiri oyamba ndinati aah ndizakaona kutsogolo, mpaka simu khadi inafa ndipo pokasintha anati bweretsani reji, ndalama zanga za pa foni zili momwemo ndikuziona ngati nsima ya m'galasi.

Koyamba ndi ku polisi, musataye nthawi kuthamangira ku ofesi ya ma reji manja ali lende. Ndinapita pa polisi ya kufupi ndi kwathu, ndinafotokoza tsiku, malo ndi zimene zinali m'chikwama, ndinalipira, anandipatsa lisiti ndi lipoti. Apa mpamene nambala inandipulumutsa. Bwana uja atafunsa nambala ya reji ndinaitchula pamtima, manambala 6 oyamba, awiri a pakati osonyeza boma limene unalembetsera, ndi 1 wa kumapeto amene amasonyeza kuti ndiwe mzika ya Zambia. Mnyamata anali patsogolo panga sanaidziwe yake, anayamba kuimbira alongo ake kuti afufuze pa mapepala akale a ntchito, ine ndikutuluka iye akadali pa foni.

Kenako afidaviti, pepala lolumbira kuti inedi ndine mwini wake ndipo inatayikadi, limasainidwa pamaso pa wolumbiritsa ndi kudindidwa. Zachangu izi, sizinatenge ola.

Manje tsiku lalikulu. Ma reji amapereka ndi a Department of National Registration, Passport and Citizenship, pansi pa unduna wa Home Affairs. Ndinadzuka kukali mdima, ndinanyamula lipoti, afidaviti ndi fotokope yakale ya reji imene amayi anga anaisunga m'Baibulo kuyambira kale, ndipo ndinaseka ndekha kuti ine wa foni yodula ndinalibe ngakhale chithunzi chake koma mayi wa ku mudzi anali nayo. Pa layini mumamva nkhani zambiri, wina reji inachapidwa mu thalauzi, wina inapsa ndi nyumba, atsikana ena abwera koyamba ndi makolo awo chifukwa wotenga koyamba amafunika kubwera ndi kholo kapena wachibale wa reji yake wodzamuchitira umboni. Mafunso ake ndi amene amagwetsa ana obadwira mu Lusaka: mudzi wanu ndi uti, mfumu yanu ndani. Wina anayankha kuti mudzi wake ndi Matero, komboni ya mu Lusaka momwemo, layini yonse inafa ndi phwete. Ine ndinati Katete, kwa a Kawaza, amayi a pa tebulo anangogwedeza mutu nkupitiriza kulemba. Chithunzi, chala mu inki, siginecha, kudikira kwina, ndipo nambala imabwera yomwe ija, sasintha ayi.

Koma chimene chandilembetsa zonsezi si reji yanga chabe. Sabata yomweyo kunyumba kunali amalume ochokera ku Lilongwe, anabwera kudzaona mlongo wawo. Iwo ndi ife chilankhulo ndi chimodzi, kungoti iwo amati tsopano ife timati manje, ndiye anali ndi mtima woti palibe angawasiyanitse ndi munthu wa ku Chipata. Pasipoti anaitsekera mu sutikesi, m'thumba anangoika ID yawo ya ku Malawi, zija anayamba kupereka mu 2017. Ndinawauza kuti amalume, kakhadi ako ndi ka kwanu uko, kuno chimene a imigiresheni amafuna kuona ndi pasipoti ndi chidindo chimene anakudindirani pa boda ya Mwami. Anati mphwanga iwe ndiye uli ndi chiyani m'thumba, ndinakhala chete poti panthawiyo ine mwini dziko ndinali kuyenda ndi lipoti la polisi lopindapinda.

Titatsegula pasipoti tinapeza nkhani ina. Mmalawi safuna viza kulowa mu Zambia, ndipo mlendo wamba amaloledwa masiku 90 pa chaka, koma sikuti amakupatsa onse pakamodzi, chimene chimagwira ntchito ndi masiku amene alembedwa pa chidindo chako. Amalume anamva za 90 zija kwa anzawo mu basi nkuzisunga mumtima, pomwe pa chidindo analemba 30 ndipo anali atadya kale 26. Tinapita ku ofesi ya imigiresheni masiku asanathe, anawaonjezera popanda vuto. Akanapitirira bwenzi nkhani ili ina, chifukwa wopitirira masiku amakhala waphwanya lamulo, ndipo nsewu wa Great East uli ndi ma rodibuloko, pa mlatho wa Luangwa basi imaima ndithu ndipo amene amakwera kudzafunsa mapepala safunsa kuti mumalankhula chinyanja chokoma bwanji.

Alendo okhazikika kuno ndi chilolezo nawonso amatenga NRC koma si yobiriwira, yawo ndi ya mtundu wina ndipo nambala yake sithera ndi 1, ndiye nayo sungavote. Amalume atamva izi anati iwo za reji ya kuno sazifuna, fodya wawo akuwadikira ku Mitundu.

Tsiku lonyamuka ndinawaperekeza ku siteshoni ya mabasi ya Intercity mbandakucha, pasipoti ili m'thumba la malaya lomanga ndi pini, mayi anga ndi amene anawamangira. Ine reji yatsopano ndinaijambula mbali zonse ziwiri, fotokope imodzi ili ku ntchito, ina ndinakapereka kwa amayi ndipo anaibwezera m'Baibulo muja pa Masalimo pomwe panali yakale.